Mlandu ndi wa Yani? Mmene Makhoti a ku India Amathetsera Milandu Anthu Akagwirizana

M'mayiko ambiri amene anatengera kazengedwe ka milandu kuchokera ku Britain, mlandu waupandu sutengedwa ngati katundu wa munthu amene walakwiridwa, ngakhale kuti iyeyo ndi amene anamva ululu, anataya chuma kapena anagona m'chipatala. Munthu akamenya mnzake, akaba kapena akachita chinyengo, lamulo limati walakwira anthu onse a m'dzikolo, ndipo n'chifukwa chake amene amamuimba mlandu ndi boma, pamene wodandaula uja amangokhala mboni yoyamba pa mlandu umene iye mwini sangauimitse pongofuna. Izi zimasiyana ndi milandu ya pakati pa anthu, monga ya ngongole, malire a munda kapena pangano la malonda, imene mwini wake angathe kuichotsa m'khoti tsiku lililonse. Komabe mikangano ya anthu siigawika mosavuta chonchi, chifukwa mkangano umodzi womwewo ungathe kukhala ndi mbali zonse ziwiri, ndipo kawirikawiri anthu amene anatengerana kupolisi mitima ili pamwamba amadzamvana patapita miyezi kapena zaka, mlandu udakali m'kaundula wa khoti. Pamenepo woweruza amakumana ndi funso lovuta, loti apitirize kuzenga mlandu umene eni mkangano sakuufunanso, kapena autseke ngakhale kuti lamulo limati mlanduwo si wa iwo okha.

Ku India funsoli lakhala likubwera m'makhoti mobwerezabwereza, ndipo china chimene chimalikulitsa ndi kuchuluka kwa milandu, pakuti pofika kumapeto kwa 2023 milandu yodikira chigamulo m'makhoti onse a dzikolo inali itapitirira 50 miliyoni, yambiri mwa iyo ili yaupandu ndipo ili m'makhoti aang'ono a m'maboma. M'dziko lotere mlandu wa ndewu ya anthu oyandikana nyumba ungathe kutenga zaka zambiri usanathe, ndipo m'zaka zonsezo oimbidwa mlandu amayendera khoti, kulipira maloya, kujomba kuntchito ndi kuvutika popeza pasipoti kapena ntchito ya boma chifukwa maina awo ali m'mabuku a polisi. Mlandu umayamba ndi chikalata chotchedwa FIR, lomwe ndi lipoti loyamba limene apolisi amalemba akalandira dandaulo la mlandu woti angathe kumanga munthu popanda kudikira chilolezo cha khoti, ndipo chikalatachi chikangolembedwa wodandaula alibenso mphamvu yochifufuta, ngakhale atabwera m'mawa mwake atagwirana manja ndi amene anamunenera.

Njira yoyamba yothetsera mlandu anthu akagwirizana inalembedwa m'lamulo lenilenilo. Lamulo la kazengedwe ka milandu yaupandu la mu 1973, m'gawo 320, linandandalika milandu imene wolakwiridwa angathe kukhululuka nkhani n'kuthera pomwepo, ndipo linaigawa m'magulu awiri. Gulu loyamba ndi la milandu yaing'ono, monga kuvulaza munthu pang'ono, kulowa pamalo a mwini popanda chilolezo ndi kuipitsa mbiri ya munthu, imene anthu awiriwo angathe kuithetsa okha n'kungodziwitsa khoti. Gulu lachiwiri ndi la milandu yokulirapo, monga kuvulaza munthu kwambiri, kudya ndalama zimene munthu anasungitsidwa ndi kupusitsa munthu kuti apereke chuma chake, ndipo pa imeneyi pamafunika chilolezo cha woweruza amene akuzenga mlanduwo. Lamulolo linatchulanso munthu amene ali ndi ufulu wokhululuka pa mlandu uliwonse, amene kawirikawiri amakhala wovulazidwayo kapena mwini katundu, ndipo linanena kuti mlandu wothetsedwa motere umawerengedwa ngati kuti khoti lapeza munthuyo wosalakwa. Koma ndime yomaliza ya gawoli inaika malire olimba, ponena kuti kupatula milandu yolembedwayo palibe wina uliwonse umene ungathetsedwe mwa njira imeneyi.

Malire amenewa anayamba kupweteka anthu kwambiri pa milandu ya m'banja. Mu 1983, dziko litadzidzimuka ndi imfa za akazi ambiri amene ankazunzidwa, ena kuwotchedwa kumene, chifukwa cha chuma cha ukwati, Nyumba ya Malamulo inawonjezera gawo 498A m'buku la milandu ndi zilango, lonena kuti mwamuna kapena achibale ake ochitira nkhanza mkazi wokwatiwa angathe kukhala m'ndende mpaka zaka 3. Chuma chimenechi chimayenda mosiyana ndi malowolo, pakuti amene amapereka ndi makolo a mkazi kupita kubanja la mwamuna, ndipo ngakhale lamulo la mu 1961 linaletsa mchitidwewu, mabanja ena amapitiriza kulamula ndalama, golide kapena galimoto ukwati utachitika kale. Opanga malamulo sanaike mlanduwu pamndandanda wa yokhululukidwa, ndipo anali ndi chifukwa chomveka, popeza mkazi amene akukhala m'nyumba ya apongozi ake savuta kumukakamiza kusaina pepala loti wakhululuka. Koma zotsatira zake zinali zakuti ngakhale mwamuna ndi mkazi amene abwererana moona, kapena amene asiyana mwamtendere atagawana katundu ndi kumvana za ana, ankapitiriza kuitanidwa kukhoti pamodzi ndi makolo okalamba ndi alamu pa mlandu umene panalibe aliyense wofuna kuuperekera umboni.

Nkhani yotereyi ndi imene inafika ku Khoti la Suprimu, khoti lalikulu koposa onse m'dzikolo, mu 2003, pa mlandu wa B.S. Joshi ndi boma la chigawo cha Haryana. Mkazi anali atasumira mwamuna wake ndi achibale a mwamunayo, kenaka awiriwo anamvana zothetsa ukwati mogwirizana, ndipo mkaziyo analumbira kuti sakufunanso mlandu; koma khoti lalikulu la m'chigawo linakana kuuthetsa ponena kuti gawo 320 silikulola. Khoti la Suprimu linasintha chigamulocho podalira gawo lina la lamulo lomwelo, gawo 482, limene linkasunga mphamvu imene khoti lalikulu la chigawo lili nayo chifukwa cha udindo wake, yolamula chilichonse chofunika pofuna kuletsa kugwiritsa ntchito makhoti molakwika ndi pofuna kuti chilungamo chichitike. Oweruza anati cholinga cha gawo 498A ndi kuteteza mkazi, ndipo kuumirira mlandu umene ukulepheretsa mkazi yemweyo kuyamba moyo watsopano kukanakhala kutembenuza lamulo kuti lipweteke amene linapangidwira.

Si oweruza onse amene anakhutira ndi maganizo amenewa. Mu 2010 oweruza awiri a khoti lomwelo, Markandey Katju ndi Gyan Sudha Misra, anakayikira zigamulo zamtunduwu ponena kuti khoti silingachite mozembera chimene lamulo laliletsa poyera, ndipo anatumiza funsolo kwa gulu la oweruza ambiri. Yankho linaperekedwa mu September 2012 pa mlandu wa Gian Singh ndi boma la chigawo cha Punjab, ndi oweruza atatu motsogozedwa ndi R.M. Lodha, ndipo mpaka lero chigamulochi ndi chimene maloya ndi oweruza amayambira akamakamba nkhaniyi. Khotilo linafotokoza kuti kukhululuka kwa m'gawo 320 ndi kuthetsa mlandu kwa m'gawo 482 ndi zinthu ziwiri zosiyana. Pa choyamba, chimene chimathetsa mlandu ndi chifuniro cha wolakwiridwa, ndipo khoti limangotsata mndandanda. Pa chachiwiri, mgwirizano wa anthu uja umangokhala mfundo imodzi mwa zimene khoti lalikulu limayeza, ndipo chimene chimathetsa mlandu ndi chiweruzo cha khotilo chakuti kuupitiriza kukanakhala kuzunza anthu popanda phindu, makamaka ngati mwayi wopeza munthu wolakwa wachepa kwambiri.

Chigamulo chomwecho chinagawa milandu motsata chiyambi chake. Milandu yochokera ku malonda, ngongole, kugawana phindu pa bizinesi ya anthu awiri, mikangano ya ukwati ndi ya pachibale, imene cholakwa chake chinagwera munthu mmodzi kapena banja limodzi, ingathe kuthetsedwa eni ake akamvana kotheratu. Koma milandu yoopsa monga kupha munthu, kugwirira ndi umbava wa magulu a zida siingathetsedwe ngakhale wolakwiridwa kapena banja lake atalandira chipukuta misozi chochuluka motani, ndipo chimodzimodzi milandu ya ziphuphu ndi yopalamulidwa ndi ogwira ntchito m'boma pa udindo wawo, chifukwa amene amavulala pa milandu imeneyi ndi anthu ambiri amene sanakhale nawo pa zokambiranazo.

Mmene zimachitikira pa tsiku lenilenilo zimasonyeza chimene khoti limaopa. Woimbidwa mlandu amapereka pempho ku khoti lalikulu, ataphatikizapo pepala la mgwirizano ndi kalata yolumbira ya wodandaula. M'makhoti ena onse awiri amaitanidwa kuonekera pamaso pa jaji, wapolisi amene anafufuza mlanduwo amatsimikiza kuti amene waima apoyo ndi wodandaula weniweni, ndipo jaji amamufunsa maso ndi maso ngati wasaina mwa kufuna kwake, ngati ndalama zonse walandira, ndiponso ngati pali amene wamuopseza. Pa milandu ya ukwati, gawo lomaliza la ndalama zimene anagwirizana nthawi zambiri limaperekedwa m'khoti momwemo, kudzera m'chikalata cha banki chotsimikizika, kuti mkazi asadzatsale manja ali m'khosi mlandu utatsekedwa. M'zigawo zina, monga Punjab ndi Haryana, khoti lalikulu limatumiza anthuwo kwa majisitireti amene akuzenga mlanduwo kuti akalembe mawu awo ndi kubweza lipoti lonena ngati mgwirizanowo ndi weniweni. Oweruza ena amalamulanso oimbidwa mlandu kupereka ndalama ku thumba lothandiza osauka pa milandu kapena kugwira ntchito yothandiza anthu, ndipo ku Delhi ena analamulidwa kubzala ndi kusamalira mitengo, pofuna kuti nthawi imene apolisi ndi makhoti anataya isapite pachabe. Ntchito ya jaji pamenepa ikufanana ndi ya nkhoswe yanzeru, imene siikhutira ndi mawu onenedwa pagulu mpaka itamva mwini nkhani akulankhula yekha.

Mtundu wina wa milandu umene umasonyeza bwino mkangano wa anthu awiri wovala malaya a upandu ndi wa macheke obwezedwa ndi banki chifukwa chosowa ndalama mu akaunti. India inasandutsa cholakwachi kukhala mlandu waupandu mu 1988, ndipo lero chilango chake chingafike zaka 2 m'ndende kapena chindapusa chofika kuwirikiza kawiri ndalama za pachekepo. Milanduyi inachuluka kotero kuti pofika kumapeto kwa 2019 inali pafupifupi 3.5 miliyoni. Lamulo linasinthidwa mu 2002 kuti eni ake azitha kuithetsa pogwirizana, koma angongole ambiri anayamba kuchedwetsa dala, n'kudzalipira mlandu utafika pa apilo, zimene zinachititsa Khoti la Suprimu mu 2010 kuika chindapusa chokwera malinga ndi kuchedwa, kuyambira 10 peresenti ya ndalama za pacheke kukhoti la majisitireti mpaka 20 peresenti ku Khoti la Suprimu.

Pa milandu yonga imeneyi nzeru ya makhoti a ku India ndi yovuta kuitsutsa. Mlandu umene wodandaula sakuufunanso umatha ndithu, koma umatha moipa, chifukwa wodandaulayo amabwera kukhoti n'kukana zimene ananena kupolisi, mboni zina zimati sizinaone kanthu, ndipo patapita zaka woweruza amamasula munthu chifukwa chosowa umboni, anthu atanama atalumbira ndipo nthawi ya khoti itaonongeka. Kuthetsa mlandu poyera, mgwirizano utaunikidwa ndi jaji, kumateteza wodandaula kuposa kumusiya kuti akamvane mumdima ndi amene anamulakwira. Kumathandizanso anthu amene ayenera kupitiriza kukhalira limodzi, monga apachibale olimbirana munda kapena oyandikana amene amatunga madzi pa mjigo umodzi, amene chigamulo cha ndende chikanangowasiyira udani wofika kwa ana ndi zidzukulu.

Vuto limayamba pa milandu imene ili pakati, ndipo woonekera kwambiri ndi wofuna kupha munthu. Ndewu ya m'mudzi ingathe kulembedwa ndi apolisi ngati mlandu wofuna kupha chifukwa wodandaula anakokomeza, koma ingathenso kukhala kuti munthu anapulumukadi lokumbakumba. Mu 2014, pa mlandu wa Narinder Singh, Khoti la Suprimu linati khoti lalikulu lisangoyang'ana dzina la mlandu limene lalembedwa pa FIR, koma lione lipoti la dokotala, malo amene bala lili pathupi ndi chida chimene chinagwiritsidwa ntchito. Linatinso nthawi imene mgwirizano wabwera ndi yofunika: apolisi akadali kufufuza, kapena umboni usanayambe kumvedwa, khoti lingathe kufewa, koma umboni ukatsala pang'ono kutha ndi bwino kusiya woweruza amalize, ndipo munthu akapezeka kale wolakwa pa mlandu woopsa mgwirizano pawokha sungafufute chigamulocho.

Makhoti ena a m'zigawo anatenga mwayi umenewu mopepuka, n'kumathetsa milandu pongoona kuti pepala lasainidwa, ndipo Khoti la Suprimu linachita kuwabweza. Mu 2017, pa mlandu wa Parbatbhai Aahir wochokera ku Gujarat, anthu amene ankaimbidwa mlandu wolanda malo a banja lina pogwiritsa ntchito zikalata zachinyengo anabweretsa mgwirizano, koma khoti linakana poona kuti anali atathawa apolisi ndipo anali ndi mbiri ya milandu ina yofanana nayo. Mu 2019, pa mlandu wa Laxmi Narayan wochokera ku Madhya Pradesh, wokhudza kuwombera munthu ndi mfuti, oweruza atatu anabwezeretsa mlandu umene khoti la chigawo linauthetsa, ndipo analamula kuti oweruza azifufuza mbiri ya woimbidwa mlandu, khalidwe lake pa nthawi ya kafukufuku, ndi njira imene anagwiritsa ntchito kuti wodandaula avomere. Mfundo yomalizayi ndi imene ili pamtima pa nkhani yonse, chifukwa munthu amene anthu amamuopa m'dera savutika kupeza siginecha ya munthu amene anamuvulaza.

Pa milandu yogwirira, Khoti la Suprimu lalankhula molimba kangapo, ndipo kubwereza kwakeko kukusonyeza kuti chizolowezi chokankhira mkazi ku mgwirizano ndi chozama. Mu 2013 linakana kuchepetsa chilango cha ogwirira chifukwa choti mkazi wakhululuka, ponena kuti nkovuta kudziwa ngati kukhululukako sikunabwere chifukwa cha mantha ndi kutopa, ndipo mu 2015 linadzudzula maganizo akuti ukwati wa wogwirira ndi wogwiriridwa ungakonze zinthu. Nkhani imene inakwiyitsa anthu ambiri inachitika mu 2020, pamene khoti lalikulu la Madhya Pradesh, popereka belo kwa mwamuna woimbidwa mlandu wochitira mayi wina zachipongwe m'nyumba mwake, linalamula kuti mwamunayo apite ndi mkazi wake kunyumba kwa mayiyo atanyamula bokosi la maswiti ndi ma rupee 11,000, akapemphe kuti amumange rakhi pamkono, kenaka abweretse zithunzi kukhoti. Rakhi ndi kachingwe kokongoletsedwa kamene mlongo amamanga pamkono wa mchimwene wake pa chikondwerero cha Raksha Bandhan, mchimweneyo n'kulonjeza kumuteteza. Loya Aparna Bhat ndi anzake ena aakazi anatengera nkhaniyo ku Khoti la Suprimu, limene mu 2021 linafafaniza lamulolo ndi kuletsa makhoti kulimbikitsa ukwati kapena mgwirizano pa milandu yamtunduwu. Imeneyi inali nkhani ya belo, koma maganizo amene anabala lamulo la rakhi ndi omwewo amene amabala migwirizano yambiri yobwera kukhoti, oti ulemu wa mabanja ndi wofunika kuposa chimene chinachitikira mkaziyo.

Funso lina limene limaiwalika msanga ndi lakuti amene wasaina mgwirizano ndi yani. Mu 2022, pa mlandu wa Daxaben wochokera ku Gujarat, mlandu wochititsa munthu kudzipha unathetsedwa chifukwa wachibale amene anakanena kupolisi anamvana ndi oimbidwa mlandu, mkazi wa malemu asanafunsidwe. Khoti la Suprimu linaubwezeretsa ponena kuti wokanena kupolisi alibe ufulu wochotsa mlandu woopsa, ndipo linachenjeza kuti kulola zotere kukanapatsa olemera njira yogulira ufulu ndi kupatsa ena njira yopezera ndalama posuma. Mu November 2024, pa mlandu wa Ramji Lal Bairwa, khotilo linabwezeretsa mlandu wa mphunzitsi wa ku Rajasthan amene ankaimbidwa mlandu wogwiragwira mtsikana wa pasukulu, umene khoti la chigawo linauthetsa mphunzitsiyo atamvana ndi bambo a mtsikanayo. Chochititsa chidwi n'chakuti amene anachita apilo sanali a m'banjalo, koma anthu wamba a m'dera lomwelo, ndipo khoti linawalola kuyankhula chifukwa mlandu wolakwira mwana pasukulu umakhudza kholo lililonse limene limatumiza mwana kumeneko.

Umodzi mwa migwirizano yaikulu imene inayesa kumeza mlandu waupandu m'mbiri ya India ndi wa ngozi ya ku Bhopal. Usiku wa pa 2 December 1984 mpweya wapoizoni unatuluka pafakitale ya mankhwala ophera tizilombo ya kampani ya Union Carbide, n'kupha anthu zikwizikwi m'masiku ochepa ndi kudwalitsa ena ochuluka zedi. Mu February 1989 Khoti la Suprimu linavomereza kuti kampaniyo ilipire madola 470 miliyoni a ku America, ndipo mgwirizanowo unathetsanso milandu yonse yaupandu, ngakhale kuti amene anasaina m'malo mwa ovulala linali boma, eni akewo osafunsidwa. Magulu a opulumuka anadandaula, ndipo mu October 1991 khoti lomwelo linasunga mbali ya ndalama koma linabwezeretsa milandu yaupandu. Chigamulo chake chinadzabwera mu June 2010, pamene akuluakulu 7 akale a nthambi ya kampaniyo ku India anapatsidwa zaka 2 aliyense, mlanduwo utachepetsedwa kale mu 1996 kukhala wopha anthu chifukwa cha kusasamala.

Sizingakhale zoona kunena kuti malire onsewa amatsatidwa mofanana nthawi zonse. Mu 2008, pa mlandu wa Nikhil Merchant, Khoti la Suprimu linathetsa mlandu wachinyengo kampani itamvana ndi banki pa ngongole, koma m'zaka zotsatira linakana kangapo kuthetsa milandu ya zikalata zachinyengo zotengera ngongole ngakhale ndalama zitabwezedwa, ponena kuti chinyengo chokonzedwa bwino pa banki chimavulaza chuma cha anthu onse. Mu 2021, pa mlandu wa Ramgopal, linalola kuti ngakhale munthu amene wapezeka kale wolakwa pa mlandu wosaopsa kwambiri amasulidwe ngati amvana moona ndi wovulalayo. Mphamvu yodalira chiweruzo cha jaji ili ndi ubwino woti imaona nkhani iliyonse payokha, koma ili ndi kuipa koti anthu awiri a milandu yofanana angathe kulandira mayankho osiyana malinga ndi jaji amene akumana naye. Choipa chachikulu n'chakuti mgwirizano kawirikawiri umafuna ndalama, kotero mmphawi amene wapalamula mlandu womwewo alibe chopereka ndipo amatsala m'khoti, pamene mmphawi amene walakwiridwa ndi amene amafulumira kulandira zochepa chifukwa sangakwanitse kuyendera khoti kwa zaka khumi.

Owerenga a ku Malawi ndi ku Zambia sali kutali ndi nkhaniyi, chifukwa malamulo awo a kazengedwe ka milandu, amene anachokera ku muzu womwewo wa ulamuliro wa Britain, nawonso amalola khoti kulimbikitsa chiyanjano. Ku Malawi mphamvuyi ili m'gawo 161 la lamulo la kazengedwe ka milandu ndi umboni, ndipo ku Zambia ili m'gawo 8 la lamulo lofanana nalo. M'mayiko onse awiri imakhudza kumenya munthu ndi milandu ina yaing'ono yokhudza anthu awiri okha, ndipo khoti limayenera kuvomereza chipukuta misozi kapena mfundo zina za mgwirizanowo. Mphamvu yoimitsa mlandu waukulu ku Malawi ili m'manja mwa mkulu woimira boma pa milandu, amene malamulo oyendetsera dziko amamulamula kupereka zifukwa zake ku komiti yoona za malamulo ya Nyumba ya Malamulo pasanathe masiku 10. Izi zikutanthauza kuti mabanja amene amati tikambirane pachiweniweni mwana atagwiriridwa, n'kulandira mbuzi kapena ndalama, sakhala kuti athetsa mlandu pamaso pa lamulo, koma amangobisa umboni, ndipo mwanayo amatsala wopanda womuyankhulira monga zikanachitikira mtsikana wa ku Rajasthan uja pakanapanda anthu a m'dera lake.

Ku India malamulo akale a milandu yaupandu analowedwa m'malo ndi atsopano pa 1 July 2024, koma kapangidwe ka nkhaniyi sikanasinthe: mndandanda wa milandu yokhululukidwa tsopano uli m'gawo 359 la lamulo latsopano la kazengedwe ka milandu, mphamvu ya khoti lalikulu ili m'gawo 528, ndipo mlandu wa nkhanza kwa mkazi wokwatiwa uli m'gawo 85 la buku latsopano la milandu ndi zilango. Bungwe lounika malamulo la dzikolo linapempha kangapo kuti mlandu wa nkhanza za m'banjawu uikidwe pamndandanda wa yothetsedwa ndi chilolezo cha woweruza wa khoti laling'ono, atapatsa mkazi nthawi yoganiza mofatsa, koma Nyumba ya Malamulo sinatero. Choncho mwamuna ndi mkazi amene amvana ayenerabe kupita ku limodzi mwa makhoti aakulu 25 a m'dzikolo, ndipo m'chigawo chonga Uttar Pradesh, chokhala ndi anthu oposa 200 miliyoni, izi zikutanthauza ulendo wa ku Prayagraj kapena ku Lucknow, loya wina wowonjezera ndi miyezi yodikira kuti pempho lawo lifike pamaso pa jaji.